Zala Ziwiri za Madzi

4 Ogasiti

Wokondedwa mwana wanga Kasipanala,

Ndikhulupirira uli bwino kumeneko pamodzi ndi anzako a kuntchito. Kuno ndilipo, bondo lokha ndilo limandikumbutsa zaka kukazizira. Ndalemba kalata chifukwa ukudziwa za makutu angawa. Tsiku lija unaimba foni ndinkangomva ngati mvula ikugwa pa malata, ndipo ndinkangoti eya, eya, osadziwa chimene ndikuvomera. Phokoso la mainjini m'galaja linandidyera makutu kalekale.

Nkhani ndi iyi. Maluwa a malemu amayi ako aja a kuseri, pa ngalande ya madzi ochapira, amene ankawatchula kuti malipenga, ayamba kumasula. Sindinawasamale ayi, ndinkangotayirapo madzi monga mwa masiku onse. Lolemba m'mawa ndinangoona oyera atatuluka pakati pa masamba, lililonse ndi kachala kake kachikasu pakati. Ndinaima nthawi ndithu, beseni lili m'manja.

Ukukumbukira kuti amayi ako ankawadula n'kuwaika m'botolo lalitali la galasi lija, ndipo ankakhala patebulo masiku ambiri osafota. Ine ndinkangodya pambali pake, sindinafunsepo kuti amatani. Ndayesa nanenso. Sipanapite masiku, mapesi anafewa ngati nthochi yovunda, madzi n'kuyamba kununkha. Ndinataya. Popeza iwe umagwira ntchito m'shopu ya maluwa, undiuzeko chimene ndikulakwitsa. Galimoto ikafa ndimadziwa poyambira, koma izi ayi.

Pochoka paja unati udzabweranso maluwa a amayi ako asanathe. Sindikukukumbutsa, ndangotchula.

Mayi ako aang'ono amabwera Lachisanu kudzaona ngati mlamu wawo akudya. Amalankhula, ine ndimamva theka, ndipo thekalo limandikwanira.

Ndine bambo ako.

17 Ogasiti

Bambo,

Moni. Kalata yanu yafika dzana, ikuoneka kuti inayenda wapansi. Ine ndili bwino. Ntchito yachuluka, ino ndi nyengo ya maukwati, timaima tsiku lonse manja ali m'madzi.

Malipenga a amayi aja kuno timawatchula kuti kala. Ndi maluwa a anthu olemera, amabwera atakulungidwa m'mapepala ngati makanda. Ndikawaona ndimaseka ndekha poganiza kuti kwathu amamera pa madzi a sopo.

Muzichita chonchi. Muzidula m'mawa dzuwa lisanatenthe, duwa litangotsala pang'ono kumasula lonse. Mbali yoyerayo musamaigwire, imasunga zala za munthu n'kuda. Kumunsi kwa phesi muzidula ndi mpeni wakuthwa, osati sizasi, chifukwa sizasi imafinya njira zomwera madzi. Botolo muzilitsuka ndi sopo ngati kapu yomwera inuyo. Madzi akhale zala ziwiri basi. Pakapita masiku awiri muzisintha madziwo, n'kudulako pang'ono kumunsi komwe kwayamba kufewa. Musawaike padzuwa, ndipo atalikirane ndi zipatso, makamaka nthochi, chifukwa mpweya wa zipatso zakupsa umawakalambitsa msanga. Utomoni wake umayabwa, musadzigwire m'maso.

Za kubwera ndiona. Abwana sanandiyankhe za tchuthi.

Bambo, kalata yanu yonse ndi ya maluwa. Nanga inuyo muli bwanji kwenikweni? Mumagona tulo? Paja ndinafika amayi ataikidwa kale, ndipo masiku onse amene ndinakhala pakhomopo munkangondidutsa ngati mpando. Sindikudandaula. Ndangotchula, monga mwatchulira inu.

Ndine mwana wanu,
Kasipanala

30 Ogasiti

Mwana wanga,

Ndalandira kalata yako ndipo ndathokoza. Ndaiwerenga kangapo, ndaipachika pa msomali wa kalendala kuti ndizionera.

Mpeni ndanola mpaka ukumeta ubweya wa pamkono. Botolo ndikulitsuka. Nthochi zimene zinali m'nyumba ndapatsa aneba, adabwa kuti ndayamba liti kupatsa. Madzi ndayeza zala ziwiri monga unanenera, ndi zala zanga zomwezi, ngati mmene ndinkayezera m'galaja. Patebulo ndawachotsa, ndawaika kwina, koma kumeneko dzuwa la masana limalowa pazenera. Zimenezo ndikonza sabata ino.

Komabe sakukhalitsa. Tsiku loyamba amaima ngati asilikali. Lotsatira ndikapita kukasintha madzi ndimapeza phesi likuterera m'manja, ndipo ndikati ndidule pofewa, pofewapo sipakutha, ndi phesi lonse. Kenaka mutu umagwa. Mwina manja anga ndi amafuta, sakugwirizana ndi zinthu zoyera.

Wafunsa ngati ndimagona. Ndimagona.

Abwana ako akakuyankha undidziwitse.

Ndine bambo ako.

5 Sepitembala

Mwana wa mkulu wanga,

Uli bwanji kumeneko ku tauni yaikulu, komwe mumaiwala kuti muli ndi abale? Ife kuno tilipo, kungoti shuga wakwera pang'ono, wa m'thupi ndi wa m'sitolo yemwe.

Iwe ukundidziwa, ine si munthu wa miseche. Koma maso alibe mpanda, ndipo ndikapanda kukuuza ine udzamva kwa anthu apanjira. Bambo akowa ayamba zachilendo. Lachiwiri ndawaona ndi maso angawa, atavala shati yosita, atanyamula duwa loyera la malemu amayi ako, akulowa kwa atelala aja a pafupi ndi chigayo. Ukuwadziwa, aja amuna awo anamwalira chaka chatha, oseka ngati akutsanula mtedza m'chidebe. Anakhalamo nthawi ndithu. Potuluka, duwa lija analibe.

Si zokhazo. Asoketsa katani yatsopano. Munthu amene mkazi wake anamupempha katani mpaka kutopa, iye n'kumangoti nyuzipepala ikukwanira! Chipinda china apaka laimu, ndipo amachikiya. Lachisanu nditati ndisesemo anandilanda tsache, ati musavutike alamu. Ndinasuzumira pakhomo, ndinamva fungo la maluwa ovunda. Ndiponso Loweruka lililonse amasamba masana n'kutuluka, kubwerako madzulo.

Ndinawafunsa bwinobwino kuti alamu, kodi tiyambe kusoketsa zovala za ukwati? Anandiyankha kuti eya, eya. Tsono sindikudziwa ngati anamva kapena ayi, chifukwa makutu ajawa amasankha.

Chaka sichinathe chimwalirire mkulu wanga. Ine ndakuuza, zotsalazo ndi zako. Ukamabwera undigulireko mafuta odzola aja a m'botolo lobiriwira, kuno kulibe.

Ndine mayi ako aang'ono.

16 Sepitembala

Bambo,

Moni. Kalata yanu ndinalandira, ndipo ina yachokera kwa amayi aang'ono.

Ndinu wamkulu, ndipo nyumbayo ndi yanu. Ngati mwatopa kukhala nokha sindingakuletseni, ndipo sindingakudeni. Koma munayenera kundiuza nokha. Chimene chikundipweteka ndi chakuti maluwa amene amayi anabzala ndi manja awo mukuthyolera munthu wina, ndipo mwafunsa ine, ineyo, kuti ndikuphunzitseni mmene angakhalitsire pawindo pake. Ndinakhala pansi n'kulemba zonse mosamala, ndikuganiza kuti mukuwasungira amayi.

Tchuthi anandipatsa cha kumayambiriro kwa Okutobala. Ndasinthana ndi mnzanga amene mwana wake akudwala. Ndaona kuti sipafunika alendo pamene mukukonza nyumba.

Za maluwa musandifunsenso.

Mwana wanu

19 Sepitembala

Kasipanala,

Ndikhulupirira uli bwino. Sindinalandire yankho la kalata yanga ija, mwina ili panjira. A ku positi ayamba kundipukusira mutu ndisanafike n'komwe pawindo.

Kuno kwayamba kutentha. Masamba a malipenga ayamba chikasu m'mbali, ndipo mphukira zatsopano zikuchepa. Ndikuona kuti mwezi wamawa sadutsa. Ndayesa kuthira kashuga m'madzi monga wina anandiuzira, koma ndiye anavunda msanga kuposa kale, ndasiya. Tsopano ndikudula limodzilimodzi, kuti ndisawononge onse nthawi imodzi.

M'nyumba muno muli zii. Kale ndinkati amayi ako amalankhula kwambiri, ine n'kumati sindikumva. Tsopano ndazindikira kuti ndinkamva ndithu. Ankalankhula kukhitchini ine ndili pakhonde, mawu sindinkawagwira, koma ndinkadziwa kuti m'nyumba muli munthu. Masiku ano ndimatsegula wailesi, koma imalankhula ndi anthu ena.

Loweruka ndimapita ku depoti. Ndimakhala pa benchi ya pafupi ndi pomwe basi yochokera kumeneko imaima, n'kumaona utsi wa mainjini. Basi ina ikusuta mafuta, ndamuuza dalaivala wake. Anthu akatsika onse ndimabwerera.

Ndine bambo ako.

2 Okutobala

Mwana wanga,

Kalata yako ya pa 16 yandipeza lero. Yanga ina inali itanyamuka kale, zinaphonyana panjira. Ndawerenga ndili chiimire pa positi pomwepo, kenaka ndinakakhala pa masitepe.

Mayi ako aang'ono anaona zoona, koma akayenda amasiya mlomo m'malo mwa phazi. Ndifotokoze monga zinalili.

Unati maluwa asakhale padzuwa. Ndinawaika m'chipinda chako, pa kabati ya pafupi ndi bedi, kuti tsiku lililonse limene ungafike uwapeze. Zenera la kumeneko ukulidziwa, masana limalowetsa dzuwa lonse. Ndinamata nyuzipepala, koma chipinda chinakhala ngati sitolo yotseka. Ndiye ndinapita kwa atelala. Anandifunsa kuti ndikufuna katani ya mtundu wanji, yokhuthala bwanji, ine mitundu ya nsalu sindiidziwa. Ndinabwerera kunyumba kukatenga duwa limodzi, ndinawaonetsa, ndinati ndikufuna yoti ichi chisapse. Anaseka kwambiri. Duwalo anapempha, ati amayi ako ankawapatsa chaka chilichonse, ndipo chaka chino anali asanalandire. Ndikanawamana bwanji?

Laimu ndinapaka chifukwa khoma linali ndi mizere ya mvula. Kukiya ndinkakiya chifukwa cha manyazi. Sindinkafuna kuti mayi ako aang'ono aone mkulu ngati ine akulephera ntchito ya botolo ndi madzi, n'kukalengeza ku chigayo. Za ukwati anafunsazo sindinazimve. Ndikanamva, sindikanati eya.

Unalembanso kale kuti ndinkakudutsa ngati mpando. Sindinakuyankhe chifukwa sindinadziwe poyambira. Sindinakukwiyire chifukwa chofika mochedwa. Msewu ndi wautali, ndipo matenda aja sanadikire munthu. Koma pakhomo pano pakamwa panali amayi ako. Ukabwera ndiwo ankakufunsa zonse, ine n'kumamvera kumbali ndikupukuta zitsulo. Atatisiya, ndinakuona utakhala pa mpando wawo, ukupinda nsalu ngati iwo, ndipo ndinangokudutsa n'kupita kukapukuta zitsulo zanga. Ndi zokhazo.

Wati ndisakufunsenso za maluwa, ndiye sindikufunsa, ndikungokuuza. Zonse ndimachita monga unalembera. Mpeni, sopo, mthunzi. Botolo ndimalidzaza bwinobwino n'kusiya zala ziwiri kumwamba, ngati radiyeta ya galimoto. Akuvundabe. Pa ngalande patsala mphukira ziwiri.

Tchuthi wapatsa mnzako, wachita bwino. Mwana wodwala ndiye woyamba.

Ndine bambo ako.

12 Okutobala

Bambo anga,

Ndawerenga kalata yanu kuseri kwa shopu, pakati pa ndowa. Ndinalira, kenaka nditafika pa radiyeta ndinaseka mpaka mnzanga anabwera kudzaona ngati ndapenga.

Bambo, zala ziwiri kuchokera PANSI. Pansi pa botolo! Madzi ochepa, ongonyowetsa kumunsi kwa phesi. Phesi la kala ndi lofewa, lili ngati siponji, ndipo mbali yonse imene yamira m'madzi imavunda. Inu mwakhala mukuwamiza mpaka m'khosi. Cholakwa ndi changa, ndinaiwala kuti ndikulembera makaniki. Ndinakula ndikukupatsirani masipanala, ndikukumvani mukuuza madalaivala kuti siyani zala ziwiri madzi apeze popumira, koma polemba sindinakumbukire. Amayi ankathira madzi ndi kapu yawo ya tiyi, kamodzi kokha. Mwina simunaone chifukwa botololo kumunsi ndi lokhuthala.

Mundikhululukire chifukwa cha kalata ija. Muiotche. Amayi aang'ono ndilankhula nawo ndekha, ndipo mafuta awo odzola aiwale.

Mphukira zotsalazo muzisiye pa ngalande mpaka mutaona kuti dzuwa layamba kuzipsereza, ndiye mudule. Mukasamala, duwa limodzi limatha kupitirira sabata, nthawi zina kuyandikira ziwiri. Mukamadula kumunsi muzidula pang'onopang'ono, chifukwa chimene mwadula sichibwerera.

Tchuthi china abwana akuti mwina Disembala. Ndikhoza kuwapempha masiku ochepa chabe, koma akafunsa chifukwa ndidzati chiyani? Kuti kwathu duwa likufota? Adzandiloza ndowa zonse zili m'shopu muno.

Ndikufunseni chinthu chimodzi, ndipo musandiyankhe za maluwa. M'makalata anu onse mwalemba za mpeni, za katani, za utsi wa mabasi. Simunalembepo kuti mukufuna ndibwere. Ine ndine mwana wanu, ndimamva theka ngati inu. Thekalo silikundikwanira.

Kasipanala wanu

28 Okutobala

Kasipanala, mwana wanga,

Kalata yako inafika. Nditawerenga za pansi ndi pamwamba ndinapita kuchipinda chako, ndinayang'ana botolo lija lodzaza mpaka m'khosi, ndinakhala pabedi. Zaka zonse ndinkauza anthu kuti galimoto imafa ndi ludzu. Sindinadziwe kuti pali zina zimafa ndi kupatsidwa kwambiri. Amayi ako akanaseka mpaka kugwira chitseko.

Mphukira imodzi inapsa ndi dzuwa kalata yako isanafike. Inayo ndinaitchingira ndi katoni, ndipo ndinaidula Lachinayi lapitali m'mawa, itangoyamba kumasula. Ndilo lotsiriza chaka chino. Masamba onse agona.

Ndinathira madzi ndi kapu ya tiyi ya amayi ako, kamodzi. Ndinaona ngati ndikulimana, dzanja linkafuna kuwonjezera, koma ndinaligwira. Mwana wanga, laima. Lero ndi Lachiwiri ndipo likanali chiimire, loyera, phesi lolimba ngati payipi yatsopano. M'mawa ndimatsegula chitseko pang'onopang'ono ngati muli munthu wagona.

Koma ndikasintha madzi ndimadulako, ndipo dzanja langa silinazolowere kudula pang'ono. Phesi likufupika. M'botolo lalitali lija layamba kubisala, mutu wokha ndiwo ukusuzumira. Ndalisamutsira m'botolo la jamu. Likafupikanso lipita m'kapu ya amayi ako, ndipo pambuyo pa kapu sindikudziwa chotengera china.

Wati ndisayankhe za maluwa, ndipo taona ndadzaza tsamba ndi maluwa. Ndakhala ndi cholembera m'manja kuyambira m'mawa. Ndinkaopa kuti ndikalemba mawu amenewa ndikusenzetsa katundu, iwe uli ndi ntchito yako ndi moyo wako. Ndinkati kholo labwino limasiya malo opumira. Mwina ndinasiya ambiri.

Bwera, mwana wanga. Ndakusowa. M'nyumba muno ndili ndekha ndipo sindikuzolowera. Abwana ako akafunsa chifukwa, uwauze kuti bambo ako akuitana. Ngati duwali lidzakhale litafota, ubwerebe.

Kalata iyi sindiiponya ku positi. Ndapatsa dalaivala uja wa basi yosuta mafuta, ndinamukonzera, ndipo wati akakupatsa pamanja mawa lomwe.

Loweruka ndidzakhala pa benchi paja monga mwa masiku onse.

Ndine bambo ako.

Loweruka, masana

Bambo,

Ndafika. Ndinakwera lole ya kuntchito imene imabweretsa katundu mbali ino, inanditsitsa pa chigayo, n'chifukwa chake simunandione ku depoti. Aneba akuti mwapita kale, mwavala shati yosita. Ndinafuna kukutsatirani, koma ndaopa kuti tingaphonyane panjira ngati makalata athu. Ndiye ndamata pepalali pachitseko, chifukwa ndikakuitanani muli pageti simudzamva, ndipo sindikufuna mudzidzimuke.

Kiyi ndaipeza pansi pa batire lakale lija. Ya chipinda changa munaisiya pachitseko.

Ndalipeza, lili m'kapu ya amayi. M'mphepete layamba kuda pang'ono, ngati pepala lakale, koma mutu sunagwe. Madzi ndasintha. Musadulenso, palibe chotsala choti n'kudula.

Katani ndi yabwino. Mbali imodzi ndi yaifupi, koma atelala tisawauze.

Ndili kuseri pa ngalande, ndikuchotsa masamba ouma. Zitsa zake zili bwino pansi, ndazigwira, ndi zolimba.

Ketulo ili pamoto. Imeneyo ndaidzaza, ndasiya zala ziwiri kumwamba.

Kasipanala